Corolla ya 1997, malimu ndi matayala: mmene ntchito ikuyendera

Loweruka, kumayambiriro kwa Okutobala

Ndaganiza zomalemba apa chilichonse chomwe ndikuchita pa nkhani ya mawilo a galimoto yangayi, kuti manambala asamandisokonekere komanso kuti anzanga akuchigwa kuno omwe muli ndi magalimoto akale muzitolapo kena kake. Galimoto yake ndi Toyota Corolla AE110 ya 1997, injini 5A-FE, giya yapamanja. Injini ili bhobho, siidya oyilo, imadzuka kamodzinkamodzi m'mawa. Vuto lili pansipa.

Ndimakhala ku Nchalo. Maulendo anga ndi a ku Blantyre kukapikula katundu wapashopu, Ngabu ndi Bangula mwa apo ndi apo, kenako kwa amayi ku East Bank komwe malo ena ndi fumbi, miyala ndi timakhwawa towoloka mosamala. M1 yathuyi nayo mukuidziwa, chiyambire namondwe wa Ana mu Januwale 2022 kenako Freddy mu Malichi 2023 pali malo omwe umayenda ukuzemba maenje ndi zigamba, ndiye wilo limamenyedwa tsiku ndi tsiku.

Lero m'mawa ndagwada pa wilo lililonse ndi kope ndi bolopeni. Kutsogolo kumanja kuli 175/70R13, kutsogolo kumanzere 165/80R13, kumbuyo limodzi 175/70R13 lina 185/70R13. Inabwera chomwechi kuchoka kwa mwini wake wakale. Onse ndi saizi 13 inde, ndipo apa mpamene ambirife timagwera, tikapita kogula timangoti mundipatse saizi 13 basi, wogulitsa nkutenga lomwe lili pafupi. Chonsecho 13 ija ndi kukula kwa limu kokha m'mainchi. Nambala yoyamba, 175, ndi mulifupi mwa tayala m'mamilimita. Yachiwiri, 70, ikutanthauza kuti mphira wa m'mbali kutalika kwake ndi 70 pa 100 ya 175 ija, yomwe ndi 122.5. Kuti udziwe msinkhu wa wilo lonse umatenga mphira wa m'mbaliyo kawiri, wapamwamba ndi wapansi, nkuphatikiza limu, inchi imodzi kukhala mamilimita 25.4. Nde 175/70R13 imakwana 575, pamene 165/80R13 imakwana 594. Kutsogolo kwanga wilo lina ndi lalitali kuposa linzake ndi pafupifupi masentimita awiri, nchifukwa chake ukasiya chiwongolero pang'ono pamsewu woongoka wa pakati pa Nchalo ndi Bereu imayamba kuthawira mbali. Komanso Corolla imakoka ndi mawilo akutsogolo, ndiye difu, ija yogawa mphamvu ku mawilo awiriwa, imakhala ikugwira ntchito ngati galimoto ikukhota nthawi zonse pomwe ikuyenda chowongoka.

Kapepala kapachitseko cha dalaivala kakuwerengekabe, kalemba 175/70R13 82S. Malimu ndi achitsulo, awiri anapindika mlomo ndipo anawongoledwapo ndi hamala kambirimbiri, limodzi limataya mpweya pang'onopang'ono moti pakatha masiku ochepa ndiyenera kupopa. Ntchito yake ndi imeneyi, malimu asanu ofanana, matayala ofanana, osagula kanthu ndisanayeze.

Lachiwiri

Alamu anga amva za pulaniyi ndipo madzulo abwera ndi malimu awiri a magi, aja a aluminiyamu, pa kabaza ngati chitsanzo, a mnzawo wina amene akugulitsa seti yonse. Saizi 15, owala, masipoko asanu. Akuti alamu, mukangoika awa galimotoyi ibwerera unyamata. Okongola ndi okongoladi, sindikana. Koma ndawatembenuza kaye kuti ndione kumbuyo chifukwa zonse zofunika za limu zimalembedwa kuseri komwe anthu sayang'ana.

Choyamba ndi mabowo. Corolla iyi ndi 4x100, kutanthauza mabowo anayi okhala pa mzere wozungulira wa mamilimita 100. Pa limu ya mabowo anayi kuyeza nkosavuta, ika lula kuchoka pakatikati pa bowo limodzi kufika pakatikati pa bowo loyang'anizana nalo, ikwane 100. Mabowo anayi si onse ofanana ayi. Ma Nissan Tiida ena ndi 4x114.3, ma Peugeot ambiri ndi Ford Fiesta ndi 4x108, ma Fiat ndi 4x98 yomwe ndi maso sungaisiyanitse ndi 100 koma manati ake amakhala mopendekera. Premio ndi Allion ndi mabowo asanu, 5x100, amenewo ndiye osayesa nkomwe. Ndinaonapo munthu akukuza mabowo ndi fayilo kuti limu ilowe, chonde abale zimenezo ayi, wilo limenelo lidzakusiyani mukutsika phiri muli ndi ana m'galimoto. Malimu a alamuwa mabowo ndi asanu ndi atatu, aja opangidwa kuti alowe ku 4x100 komanso ku 4x114.3, ndiye apa adutsa.

Chachiwiri ndi bowo lalikulu lapakati, lomwe limakhala pa habu, chitsulo chija chomwe wilo limamangidwapo. La Corolla ndi mamilimita 54.1, chimodzimodzi Vitz, Probox ndi Mazda Demio. La Honda Fit ndi 56.1, Citi Golf 57.1, Nissan March K12 ndi 60.1. Limu ya bowo lalikulu imalowa pa habu yaing'ono koma imasiya mpata, ya bowo laling'ono pa habu yaikulu siilowa basi. Malimu ongogula apaderawa amawapanga ndi bowo lalikulu dala, ngati 67.1 kapena 73.1, kuti azilowa paliponse, kenako umaikamo timalingi totseka mpatawo kuti wilo likhale pakati penipeni. A alamuwa ndi 73.1 ndipo malingi palibe. Popanda malingi ukamanga mosasamala pang'ono pokha chiwongolero chimanjenjemera ukafika 80 kapena 90, iwe nkumabwerera ku balansing'i kambirimbiri osadziwa kuti vuto lili pati.

Chachitatu, chomwe chathetsa nkhani, ndi ofuseti. Imalembedwa ET kenako nambala, ndipo imanena kuti malo omwe limu imakhudza habu ali kutali bwanji ndi pakati pa limuyo. Nambala ikakula wilo limalowa mkati, ikachepa limatulukira kunja. Zanga zakale zalembedwa 13x5J ndi 39, kutanthauza mulifupi mainchi 5, ofuseti mamilimita 39. Za alamu 15x7J ET25. Ndawerengera pa kope iwo ali pomwepo: limu ya mainchi 5 theka lake ndi 63.5, kuchotsa 39 kutsala 24.5 yotulukira kunja. Ya mainchi 7 theka lake ndi 88.9, kuchotsa 25 kutsala pafupifupi 64. Ndiye mlomo wa limu utuluka kunja ndi masentimita anayi kuposa mmene uliri pano. Galimoto ikanyamula matumba atatu a mpunga kumbuyo nkugwera m'dzenje, mlomo wa madigadi udula tayala m'mbali, ndipo mabeling'i a mawilo amatha msanga wilo likatulukira kunja chonchi. Alamu sanakondwe kwenikweni koma amva, ndawauza kuti takhuta, malimuwa abwerere kwa eni ake.

Lachisanu usiku, magetsi atabwera

Ndakhala pansi kusankha saizi ya tayala. Ndilembe zonse zomwe ndawerengera ngakhale zomwe ndazikana.

Kukhala pa 175/70R13 yomweyo nkotheka ndipo palibe cholakwika, ndi yomwe opanga anaika. Kungoti galimotoyi ili pansi kwambiri pa misewu yathu, chitsulo cha pansi pa injini ndi ekizozi zimakhula pa mabampu ataliatali aja komanso pakati pa njira zomwe zinakumbika ndi mathirakitala a nzimbe ndi ngolo. Ndikufuna ikwere pang'ono. Komanso saizi 14 ndikuiona yambiri masiku ano m'malo ogulitsa matayala chifukwa magalimoto ochoka ku Japan omwe adzadza m'misewumu ambiri ndi a 14 ndi 15.

195/50R15 msinkhu wake ndi 576, pafupifupi ndendende ndi yoyambirira, papepala ndiye yoyenera kwambiri. Koma mphira wa m'mbali ndi 97.5 basi pomwe pano ndili ndi 122.5. Kwa ine apa ndi pomwe pagona nkhani yonse ya mawilo kuchigwa kuno. Mphira wa m'mbali uja ndi nkhata ya galimoto, ndi umene umalandira kumenya kwa dzenje kusanafike pa limu, pa shoko ndi pa msana wako. Ukauchepetsa, dzenje limapana tayala pakati pa limu ndi mlomo wa phula, mawaya amkati nkuduka, mawa lake ukuona chotupa m'mbali ndipo tayala lotupa silimatika, latha basi ngakhale likhale la sabata imodzi. Achinyamata a m'tauni amakonda 205/40R17, mphira wake 82 yokha, kumeneko mwina zimatheka koma ulendo umodzi wa ku Makhuwira ubwera ndi malimu a makona.

175/65R14 ndi 583, mphira 114, yachepa kuposa yomwe ndili nayo, ayi. 185/60R14 ndi 578, mphira 111, ayinso. 185/70R14 ndi 615, iyi ikanakweza galimoto ndi masentimita awiri ndipo anzanga ena oyendetsa matola amaikonda, koma yakula ndi pafupifupi 7 pa 100, ikhoza kumakhula ukakhota mpaka kumapeto ndipo injini ya 1500 pa chitunda cha pa Thabwa imva kulemera. Tisaiwale kuti kuno tili pansi pa mamita 100 pamwamba pa nyanja yamchere pomwe Blantyre yapitirira mamita 1,000, kukwera konseko kumachitika pa mtunda waufupi wa makona okhaokha. Wilo likakula zimakhala ngati giya iliyonse yatalika, mphamvu yokokera pachitunda imachepa ndipo mabuleki nawo amagwira ntchito yochulukirapo potsika.

Zatsala ziwiri, 185/65R14 yomwe ndi 596 ndi 175/70R14 yomwe ndi 601. Ndasankha 185/65R14. Mphira wa m'mbali ndi 120, pafupifupi womwe uja, galimoto ikwera ndi sentimita imodzi, ndipo msinkhu wake ukungofanana ndi 165/80R13 ija ya 594 yomwe ili kale kutsogolo kumanzere ndipo sinakhulepo paliponse. Yakula ndi 3.6 pa 100, kupitirira pang'ono 3 yomwe ambiri amalangiza, ndikudziwa zimenezo ndipo ndaivomera ndi maso awiri. Imalowa bwino pa limu ya mainchi 5.5. Chinanso ndi nambala ya katundu, 82 ya pachitseko ija ikutanthauza makilogalamu 475 pa tayala limodzi, pomwe 185/65R14 nthawi zambiri imabwera ndi 86 yomwe ndi 530. Kukwera kulibe vuto, choletsedwa ndi kutsika pansi pa yomwe opanga analemba. Chilembo S ndi liwiro lofika 180, T ndi 190, H ndi 210, ife sitifikako koma tayala la chilembo chokwera limapirira kutentha bwino ndipo kutentha ndiye kwathu kuno.

Loweruka lotsatira, ku Blantyre

Ndanyamuka kusanache ndi lula, kope, ndi kakatoni komwe ndinadindapo mabowo a limu yanga yakale ndi pensulo. Ndayambira ku Limbe kenako ku Ndirande komwe zitsulo za magalimoto zimakhala milumilu. Malimu a magi ndi mbwee, achitsulo a 14 ofanana asanu ndiwo ovuta, umapeza atatu apa awiri apo ndipo ma ofuseti osiyana.

Pa benchi ina ndapeza madala ena achikulire omwe anandimvetsa nditangotulutsa kope. Sanalimbane nane zoti bwana tengani awa ndi omwewo, anangolowa kuseri nkuyamba kugubuduza malimu limodzilimodzi, ine ndikupukuta dothi ndi chala chonyowetsa malovu kuti zilembo zioneke. Pa malimu achitsulo a Toyota manambala amadindidwa pankhope pafupi ndi mabowo kapena pa mlomo, tizilembo ting'onoting'ono todzadza dzimbiri. Tapeza anayi olembedwa 14x5½JJ ndi 45, lachisanu 39. Ndayeza bowo lapakati lililonse, onse akugwirizana ndi kakatoni kanga. La 39 ndalitenga kuti likhale la sipeya, kusiyana kwa mamilimita 6 pa wilo longofikitsa kunyumba si nkhani.

Masamu ake: limu ya 5.5 theka lake ndi pafupifupi 70, kuchotsa 45 kutsala 25, ndiye kunja ikhala pomwe panali yakale ija. Mkati ndi momwe ilowe ndi mamilimita 12, nde ndiyenera kudzayang'ana mpata wa pakati pa tayala ndi shoko tikamanga.

Ndisanalipire ndinapempha kuti tiwazungulitse. Madalawo ali ndi habu yakale yomangirira pa chitsulo, timamanga limu nkuizunguza ndi dzanja, ine nditagwira sikuludalaiva mosasuntha pafupi ndi mlomo. Limu yowongoka mpata umakhala womwewo kuzungulira konse, yopindika imabwera nkukhudza nsonga kenako nkuthawa. Imodzi mwa anayi aja inakhudza, tinaibweza, anakumba mulu wina mpaka kupeza inzake. Ndayang'ananso mabowo a manati ngati sanakule kukhala ngati dzira, chifukwa limu yomwe inayendapo manati ali olekera imadyeka pamenepo ndipo siimangikanso bwino.

Wina andifunsa kuti bwanji achitsulo pomwe a magi a Toyota enieni analipo, a 54.1 omwe. Yankho langa ndi loti yachitsulo ikamenya dzenje imapindika, ndipo pa Ngabu, pa Sorjin, pa Phokera, paliponse pali munthu wa hamala amene angaiwongole kuti ufike kunyumba. Ya magi ikamenya kwambiri imang'aluka, mpweya nkuthera pomwepo, ndipo yowotcherera ine sindiikhulupirira pa wilo lakutsogolo.

Lamulungu masana

Ntchito ya lero ndi yotsuka basi, pansi pa mtengo wa nimu kuseri kwa nyumba chifukwa dzuwa la mwezi uno silola munthu kukhala pamtetete. Bulashi ya waya, sandipepa, makamaka mkati momwe mlomo wa tayala umakhala. Tayala lopanda chubu limadalira pamenepo kuti litseke mpweya, pakakhala dzimbiri lotumphuka mpweya umapeza njira ndipo munthu umangoti mwina ndi minga. Magalimoto ambiri kuno analowapo m'madzi osefukira ndi m'matope ndiye dzimbiri la m'malimu si lachilendo. Ndapaka pulaima kenako penti yakuda, ndawayanika pa njerwa. Mavavu onse asanu ndigula atsopano, ndi otchipa ndipo mphira wake umauma nkung'aluka m'tsinde ndi dzuwa lathuli.

Pakati pa sabata

Nkhani ya matayala enieniwo. Chigwereni kwacha ndi 44 pa 100 mu Novembala 2023 tayala latsopano lasanduka chinthu choti ukhale pansi ndi akunyumba nkukambirana, ndiye ndinayamba ndaona kaye a kaunjika. Sindikunyoza kaunjika, alipo abwino, koma pali zinthu ziwiri zomwe ndikufuna aliyense aziyang'ana.

Choyamba ndi tsiku lomwe tayala linapangidwa. M'mbali muli malo olembedwa DOT ndipo kumapeto kwake kuli manambala anayi mu kabokosi kozungulira, awiri oyamba ndi sabata awiri omaliza ndi chaka. 2316 ndiye kuti sabata ya 23 chaka cha 2016. Ndaona lina mano ake akuya bwinobwino, lopakidwa polishi mpaka kuwala, koma deti yake 2012, ndipo nditalipinda m'mbali ndi bondo timing'alu tambirimbiri tinaonekera. Opanga matayala ambiri amati likafika zaka khumi lichoke ngakhale mano alipo. Kuno komwe Okutobala ndi Novembala kutentha kumapitirira madigiri 40, phula nkumachita kuotcha phazi, tayala lokalamba ndi lomwe limaphulika uli pa liwiro.

Chachiwiri ndi matayala a nyengo yachisanu. Ambiri ochoka ku Japan ndi oyendera pa chipale, ndipo amakopa chifukwa mano ake ndi akuya, odulidwadulidwa timizere tokhotakhota tambiri. Ukaona palembedwa STUDLESS, kapena kachizindikiro ka phiri la nsonga zitatu kokhala ndi kanyenyezi ka chipale mkati, kapena mayina ngati Blizzak, iceGUARD, Winter Maxx, dziwa kuti ndi amenewo. Kwawoko ndi matayala abwino zedi, anawapanga ndi mphira wofewa kuti usaume kukazizira. Pa phula lotentha la ku Bangula mphira umenewo umafewa mopitirira, umadyeka msanga, galimoto imayenda ngati ikuyandama pokhota ndipo ukaponda buleki imatenga mtunda wautali kuti iime. Mnyamata wogulitsa amandiuza kuti bwana awa ndi a mano ambiri, ndi olimba, ndipo ndikukhulupirira kuti samanama dala, nayenso anangouzidwa chomwecho. Ndinamuonetsa kachizindikiro kaja ndipo tinapeza kuti pafupifupi theka la mulu wake ndi otero.

Pomaliza tagwirizana ndi mayi a kunyumba kuti tidikire kutha kwa mwezi tigule anayi atsopano, mtundu umodzi, olo akhale a mtengo wapakati. La sipeya lokha ndatenga la kaunjika, 185/65R14 yomweyo, la chilimwe, deti yake ya posachedwa, lopanda chigamba m'mbali, ndinalowetsa mkono mkati kulipapasa konse. Kwa amene ndalama ingakwane awiri okha, opanga matayala amalangiza kuti atsopanowo apite kumbuyo ngakhale galimoto ikhale yokoka ndi kutsogolo, chifukwa kumbuyo kukaterereka pa msewu wonyowa galimoto imazungulira ndipo chiwongolero sichingakuthandize. Ambiri kuno timachita mosemphana. Chachikulu, mawilo awiri oyang'anizana akhale saizi imodzi nthawi zonse.

Loweruka, Novembala atangoyamba

Amangidwa. Anayi atsopano, 185/65R14 86H, madeti a chaka chino onse, ndinawawerenga ndisanalipire. Ndinapita nawo malimu ku Blantyre kuti akalowetse ndi makina komanso balansing'i, sindinafune zitsulo zokanulira zija zikande penti ya pamlomo yomwe ndinavutika nayo. Pa makina a balansing'i onse anafuna timitovu tochepa, zomwe zanditsimikizira kuti malimu aja ndi owongokadi.

Pa manati ndiime pang'ono chifukwa anthu amawatenga ngati onse ndi amodzi. A Toyota ndi M12x1.5, sipanala 21. A Nissan, Subaru ndi Suzuki ndi M12x1.25, kukula kofanana koma mazinga osiyana, ukakakamiza amalowa pang'ono kenako nkudya mazinga a bauti. Komanso pomwe nati imakhalira pa limu pamasiyana, malimu achitsulo amafuna nati yosongoka kumapeto, a magi enieni a Toyota amafuna ija ya washa yafulati, a Honda enieni pokhalira pake ndi pobulungira. Pa galimoto yanga tinapeza manati atatu achilendo omwe anali a washa, ndagula 16 atsopano osongoka kuti nkhani ithe.

Pomanga ndinapempha amakaniko kuti asagwiritse mfuti ya mpweya pomaliza, ndipo zoimirira pa sipanala yolumikiza ndi paipi ayi. Bauti ikakokedwa mopitirira imatanuka, tsiku lina nkudzaduka, komanso tayala likadzaphwa usiku pakati pa Tengani ndi Nsanje uli wekha sudzamasula. Toyota imati nati imangidwe pa mphamvu ya 103 Nm, iwo anali ndi sipanala yoyezera ija yolira kuti thwa ikafika, tinamanga modumphanitsa, iyi kenako yoyang'anizana nayo. Tisanaike wilo tinapala dzimbiri pankhope pa habu kuti limu ikhale fulati.

Galimoto ili pa jeke ndinalowetsa dzanja kuseri kwa tayala lakutsogolo, pakati pa tayala ndi shoko chala chikulowa momasuka mbali zonse. Titaitsitsa ndinakhotetsa chiwongolero mpaka kumapeto uku ndi uku, palibe pokhudza. Sipeya yalowa m'malo mwake mu buti, kabodi kapamwamba kakutseka ngakhale kakwera pang'ono. Alainimenti, kuwongola komwe mawilo aloza, tapangiratu tsiku lomwelo, mawilo akutsogolo analoza kunja ndipo matayala atsopano akanadyeka mkati mwezi usanathe.

Potsika phiri ndinabwera ndi giya 2 ndi 3 ngati nthawi zonse, osadalira buleki. Nditawoloka Kamuzu Bridge ndinaima pa Dyeratu nkuyesanso manati onse, awiri analola pang'ono, zimenezi zimachitika limu ikangomangidwa kumene makamaka yopentedwa, nchifukwa chake amati ubwereze ukayenda makilomita 50 mpaka 100.

Sabata yachiwiri ya Novembala

Zotsatira mpaka pano. Kuthawira mbali kuja kwatheratu, chiwongolero chili phee pa 80 ndi pa 100. Ndayerekeza muvi wa sipidi ndi GPS ya pafoni pa msewu woongoka wopita ku Ngabu, muvi uli pa 80 foni imati 81, muvi pa 100 foni 101 kapena 102. Masamu amati ikanasiyana ndi 3.6 pa 100 koma mawotchi a magalimoto amawapanga kuti aziwerenga mokwererako pang'ono, ndiye tayala lalikululi langodya mpata umenewo. Tanthauzo lake ndi loti pano ndilibenso kampata kobisika, chikwangwani chikati 50 muvi ukhale pansi pa 50, a kamera akaima pamsewu sadzamva za saizi ya tayala. Makilomita nawo akuwerengeka mochepa, ndikayenda 100 yeniyeni wotchi iziti 96 ndi theka, ndiye powerengera mafuta ndi nthawi yosintha oyilo ndiziwonjezerapo.

Kukhula ndayesa ndi choko. Ndinapaka choko pa phewa la matayala akumbuyo ndi mkati mwa madigadi, ndinakweza anthu atatu kumbuyo ndi matumba awiri a chimanga mu buti, ulendo wa kwa amayi. Titafika choko cha kumanja chili chonse, cha kumanzere chafufutika kadanga kakang'ono pa pulasitiki ya mkati, osati pa chitsulo. Amakaniko ayang'ana ndipo akuti shoko ya kumanzere kumbuyo ikudontha mafuta, ndi imene ikulola galimoto kugwada kwambiri. Pansi sipanakhule paliponse ulendo wonse, ngakhale pa khwawa lomwe kale ndimatsitsa anthu kuti ndidutse.

Pa chitunda cha Thabwa kusiyana kulipo koma kochepa, pa makona awiri pomwe kale imakoka ndi giya 3 itanyamula pano ikufuna 2 msangako pang'ono. Muvi wa kutentha kwa injini sunasunthe.

Mpweya ndaika 30 PSI kutsogolo ndi kumbuyo, ndikanyamula katundu kumbuyo ndimafikitsa 33. Ndagula kageji kanga ka m'thumba chifukwa mageji a m'malo opopera amasiyana wina ndi mnzake. Ndimayeza m'mawa galimoto isanayende. Masana ukayenda kuchoka ku Nchalo kufika ku Bangula ukayeza upeza yakwera ndi 3 kapena 4, imeneyo si vuto ndipo osaphwetsa, ndaonapo madalaivala akutulutsa mpweya masana poopa kuti tayala liphulika ndi dzuwa, chonsecho lomwe limaphulika ndi lochepa mpweya chifukwa limapindikapindika m'mbali likamagubuduka nkudzitenthetsa lokha mpaka mawaya kulekana ndi mphira.

Zotsala: shoko zakumbuyo zonse ziwiri kutha kwa mwezi uno mvula isanalimbe, kenako kubwereza choko chija ndi katundu yemweyo. Matayala ndidzawasinthanitsa kutsogolo ndi kumbuyo ikayenda makilomita 8,000. Malimu akale a 13 atatu owongoka alipo kwa amene ali ndi Corolla kapena Starlet ya 4x100, awiri opindika aja apita kwa ogula zitsulo, sindikufuna abwererenso pamsewu.